Majezi a Kochi Mwenda

Mukanamufunsa Ellard tsiku limene mkazi wake anabadwa, akanayamba wakanda m'mutu. Koma mukanamufunsa za makochi a mpira a ku England, mukananong'oneza bondo kuti munayambiranji. Ankadziwa amene anakhala pa timu imodzi zaka zoposa makumi awiri, amene anachotsedwa asanazolowere n'komwe mpando, ndi amene anakweza timu kuchoka m'ligi yapansi kenako n'kuthamangitsidwa ngati wakuba nkhuku. Ku Englandko anali asanapondeko. Ankagwira ntchito yowerengera ndalama pa kampani ina ku Al Garhoud mumzinda wa Dubai, ndipo m'mawa uliwonse galimoto zikathinana pamsewu wochokera ku Al Nahda, iye ankakhala phee pachiwongolero, akumvetsera pawailesi azungu akukangana za kochi woyenera kuchotsedwa.

Tsoka lake linali lakuti anali ndi timu yoti ayeserepo nzeru zimenezi. Dzina lake inali Achibale, timu ya Amalawi ndi anthu a ku Zambia, imene inkasewera Lamlungu madzulo pabwalo lobwereka. Munali anamwino, madalaivala, alonda, ena mimba zili patsogolo. Anaiyambitsa ndi a Mwenda, bambo wa ku Katete amene ankayendetsa kagalimoto konyamula mabokosi m'chinyumba chosungiramo katundu ku Al Quoz. Aliyense ankawatchula kuti Kochi. Ndi iwo amene anakamulandira Ellard pabwalo la ndege tsiku limene anafika ku Dubai, atavala jekete yaubweya m'dziko lotentha chonchi, ali ndi mantha. Sankamudziwa n'komwe. Anangomva kwa munthu kuti kukubwera mwana wa ku Zomba wopanda womulandira, iwo n'kupita.

Chaka chimenecho Achibale ankangogonja. Anagonja kwa anyamata a ku Uganda, anagonja kwa a ku Kerala, anagonjanso kwa timu ya ophika a pahotela ina, anthu oti anabwera pabwalo akununkha anyezi. A Mwenda sankasintha kanthu. Aliyense amene wabwera ankasewera, ngakhale wothamanga ngati wasenza thumba la simenti.

"Munthu wakwera mabasi awiri kuti afike pano," ankatero. "Manje ndimusiye pabenchi?"

Ellard, amene anali mlembi wa timu, zimenezi zinkamudya mumtima. Anayamba kunong'oneza anzake mmodzimmodzi kuti ku England kochi wa mbiri yotere sakanafika ndi Khirisimasi yomwe. Chisanga, kaputeni wawo wa ku Lusaka, anavomera msanga chifukwa anali atatopa ndi kusekedwa kuntchito. Enanso anagwedeza mitu. Koma pofika pa funso lakuti ndani akawauze a Mwenda, aliyense anayang'ana foni yake.

Apa ndi pamene Ellard anachita chinthu chopusa, ndipo anachichita mwaluso. Lolemba masana, ali pa desiki yake, anatenga chithunzi cha a Mwenda, n'kuchichotsa mitundu kuti chikhale chakuda ndi choyera monga amachitira matimu a ku England. Pansi pake analemba kuti timu ya Achibale yasiyana ndi mphunzitsi wake mogwirizana, ikumuthokoza pa ntchito yonse imene wagwira, ndipo ikumufunira zabwino zonse m'tsogolo. Anawonjezera kuti mlembi agwirizira mpandowo. Anawerenga kawiri, zinamukomera, n'kuponya pa gulupu ya timu ya pafoni. Mgwirizano umene ankanenawo a Mwenda anaumvera pomwepo, pamodzi ndi wina aliyense.

Anyamata ena anaseka, ena anayika timoto, tizithunzi tija ta moto tosonyeza kuti zawakomera. A Mwenda anayankha madzulo ataweruka. Sanalembe mawu. Anangoyika chala chachikulu choloza m'mwamba.

Chala chimenecho chinamusowetsa mtendere Ellard. Anayembekezera kutukwanidwa, ndipo mayankho anali atakonza kale, ndi zitsanzo za ku England zomwe. Koma chala ungachiyankhe chiyani? Pofika kunyumba anapeza mkazi wake Vera, amene anali namwino, atakhala pampando yunifolomu asanavule, foni ili m'manja.

"Bambo aja amwalira?" anafunsa Vera.

"Ayi. Bwanji?"

"Nanga chithunzi chakuda ichi? Ine mtima unangoti phwii m'wodi." Anamuyang'ana nthawi yaitali. "Ellard, kwanu ku Zomba munthu wamkulu mumamuuza nkhani chonchi? Simupita kukakhala naye pansi? Munthu amene anakugonekani pabedi pake iye n'kugona pansi?"

"Ndi mmene zimachitikira mu mpira wamakono," anatero Ellard, koma mawuwo anatuluka ofooka.

"Azungu anuwo akachotsa kochi amamupatsa chipukutamisozi. Inu mwawapatsa chiyani?"

Ellard anadziuza kuti awayimbira foni a Mwenda mawa. Mawa litafika anati bambowo ayambe aziziritsa mtima. Manyazi ndi otero, ukawasunga tsiku limodzi amaswana. Pamsewu wa m'mawa anasiya kumvetsera azungu aja, chifukwa liwu lililonse limene ankanena linkamveka ngati lake.

Lachinayi anamuyimbira Kingston, goloboyi wa timu, amene ankagona chipinda chimodzi ndi a Mwenda ku Al Quoz.

"Akulu, ine sindimafuna kulowerera," anayamba Kingston. "Koma kodi mumadziwa kuti Kochi ntchito inatha? Kampani sinawawonjezere kontirakiti. Akubwerera kumudzi."

"Liti?"

"Anapempha abwana kuti tikiti ikhale ya Lolemba, n'cholinga choti Lamlungu akhale nafe pabwalo komaliza. Amafuna atsanzike pomwepo masewero akatha. Anandiletsa kuuza munthu, amati anyamata angasewere ndi chisoni." Kingston anakhosomola. "Uthenga wanu uja utatuluka, anapitanso kwa abwana. Tsopano akunyamuka Loweruka m'mawa."

Ellard anatsitsa foni. Munthu anali atatsala ndi Lamlungu limodzi lokha, ndipo iye anamulanda lomwelo. Akanangodikira sabata imodzi, mpando umene ankaufunawo akanaupeza wopanda munthu. Anamva kudzida kwenikweni, kotero kuti chakudya chamasana anachibweza m'chikwama osachikhudza.

Lachisanu ataweruka anapita ku Al Quoz. Panali patapita zaka zingapo osafikako, ndipo anasochera pakati pa zinyumba zofanana za malata ndi mabasi oyera otsitsa antchito. Panjira ankakonza zonena. Afafaniza uthenga uja, apepesa pa gulupu, alipira yekha kuti tikiti ibwerere pa Lolemba. Kochi adzayima pamalo pawo Lamlungu, ndipo zonse zidzakhala ngati sizinachitike.

Anawapeza panja pa chipinda chawo, pakhonde lopapatiza, akuyanula zovala pachingwe. Anali majezi a timu, obiriwira aja. Pambali panali ndowa yapulasitiki ndi kachidutswa ka sopo. Ellard anayima. Zaka zonsezi ankafika pabwalo n'kupeza majezi ali m'chikwama, oyera, opindidwa, ndipo sanadzifunsepo tsiku ndi limodzi lomwe kuti amachapa ndani. Iye kunyumba anali ndi makina ochapira.

"Mphwanga, wabwera," anatero a Mwenda, ngati anali atapangana. "Tagwira uku, tipinde."

Ellard anagwira jezi. "Kochi, ndalakwa. Ndabwera kudzapepesa."

"Ine si Kochi manje. Kochi ndiwe."

"Ayi akulu, chonde. Ndifafaniza zonse zija. Tikiti ndisinthitsa ine. Lamlungu mukakhale pamalo panu."

A Mwenda anapinda jezi ina mosamala, manja a jezi kumbuyo, nambala pamwamba. Nkhope yawo sinaonetse mkwiyo, ndipo zimenezo ndi zimene zinkapweteka kwambiri.

"Bwana wanena kuti khalas, zatha, sasinthanso kachitatu. Komanso ndawauza kale alamu ako kumudzi kuti ndifika Loweruka, apha kale nkhuku m'maganizo." Anaseka pang'ono, kenako kuseka kunatha. "Ngakhale akanalola, ukufuna ndikayime pamaso pa anyamata amene anayika timoto pachithunzi changa? Azikandiwombera m'manja chifukwa amva kuti ndikupita? Ayi mphwanga. Zimenezo ndiye zingandichititse manyazi."

"Ndikanadziwa..."

"Ukanabwera ukanadziwa," anatero a Mwenda, osakweza mawu. "Ukanabwera pano n'kunena kuti akulu, timu ikugonja, pumulani, ine ndikanakuphikira tiyi. Ndikanakuuzanso zanga. Kugonja ndimakuona, sindine wakhungu. Koma ine sindinayambitse timu ija kuti tikatenge chikho. Ndinayiyambitsa chifukwa Lamlungu kuno ndi lalitali."

Ellard anayang'ana pansi. Misozi inali pafupi, ndipo anachita manyazi nayonso, poona kuti wolakwiridwa ali chilili, wolakwa ndiye akufuna kulira. A Mwenda anaika majezi onse m'chikwama, n'kuyikamonso wenzulo ndi pampu ya mpira, kenako anamupatsa.

"Usamachape ndi madzi otentha, manambala amamatuka. Ndipo Kingston usamukalipire akamugoletsa, amangoonjezera."

"Mundilole mawa ndikakuperekezeni ku ndege."

"Chimenecho ndalola," anatero. "Masutukesi ndi olemera."

M'mawa mwake anadutsa ku Al Garhoud dzuwa litangotuluka, ndege zikutsika pamwamba pa misewu. A Mwenda ankalankhula za munda wawo ku Katete, ndi za mdzukulu amene anali asanamuonepo. Za mpira sanatchule. Pakhomo lolowera anamugwira Ellard paphewa, monga anamugwirira tsiku lija atavala jekete yaubweya.

"Upereke moni kwa alamu anga. Inshallah tidzaonana."

Anakankha ngolo yawo ya katundu n'kulowa. Ellard anadikira kuti mwina acheuka, koma wapolisi anamuuza kuti achotse galimoto.

Lamlungu Achibale anakumana ndi ophika aja kachiwiri. Ellard anachita zimene ankalalikira. Anasankha othamanga okhaokha, ndipo amuna anayi amene anakwera mabasi awiri anakhala pabenchi mpaka mapeto, atavala majezi oyera osagwa thukuta. Mmodzi ananyamuka masewero asanathe, n'kusiya jezi pabenchi osatsanzika. Nkhani ya a Mwenda inali itamveka, ndipo asanayambe anyamata anayima pang'ono mitu ili pansi. Koma mpira ndi mpira. Chisanga atagoletsa chigoli choyamba anayiwala zonse, ndipo atagoletsa chachiwiri anavula jezi n'kuyiponya m'mwamba.

Anapambana. Akanagonja mwina zikanamupepukira Ellard, akanati chilango chake walandira. Koma anapambana, ndipo anamunyamula m'mwamba.

"Ba Kochi! Ba Kochi!" ankakuwa Chisanga. "Gemu imodzi, kuwina kumodzi! Ku England kulibe wa mbiri yotere! Yalla, tiyeni tijambule!"

Ellard anamwetulira pachithunzicho, pakuti anthu akakunyamula umamwetulira. Wina anachiponya pa gulupu. Posakhalitsa foni yake inanjenjemera m'thumba. A Mwenda anali asanatuluke pa gulupu. Kuchokera ku Katete anayika chala chachikulu chija, ndipo ulendo uno anawonjezera mawu: "Mwachita bwino ana anga. Onse anasewera?"

Anyamata anali atayamba kale kuvula, akuthamangira basi ndi sitima, chifukwa mawa linali tsiku lantchito. Aliyense ankavula jezi n'kuyiponya pamalo a nthawi zonse, pafupi ndi benchi, osayang'ana n'komwe kumene yagwera. Anatsanzikana mwaphokoso n'kubalalika.

Ellard anatsala yekha ndi mulu wa majezi onyowa, onunkha thukuta, ena atapondedwa ndi nsapato. Anayamba kulemba yankho, analifafaniza, n'kubweza foni m'thumba. Kenako anagwada n'kuyamba kutola. Pansi pa benchi anapeza majezi a amuna anayi aja amene sanasewere, akununkhirabe sopo wa a Mwenda, ndipo anakhala nawo m'manja nthawi yaitali asanawayike m'chikwama.