Kansawawa m'Khutu la Griselda

Ntchito yanga ndi kunong'oneza. Ndimakhala m'kachipinda kopanda zenera kuseri kwa situdiyo, mapepala pamwendo, maikolofoni pakamwa. Ndimawerenga mzere. Wosewera amaumva m'khutu kudzera m'kachipangizo kakang'ono komwe tonse timakatcha kansawawa. Amaunena. Ndimawerenga wina. Masewero a pa wailesi yakanema kuno ku Mexico timawajambula choncho. Gawo lathunthu tsiku limodzi, nthawi yoloweza palibe.

Griselda Ocampo ndinayamba kumunong'oneza ali ndi zaka khumi ndi zisanu ndi zinayi. M'sewero loyamba anali wantchito wa m'nyumba amene anakwatiwa ndi mwana wa bwana. Kenako anali mkazi wolandidwa mwamuna. Kenako mayi wa mtsikana wosauka. Atakwana zaka makumi asanu, olemba anamupha pa ngozi ya galimoto, ndipo kampani inamukhazika pa sofa ya pulogalamu ya m'mawa. Maola atatu tsiku lililonse. Kuphika, miseche ya anthu otchuka, mafuta ochotsa makwinya. Kansawawa kanamutsatira. Inenso ndinamutsatira.

Lolemba lina pulogalamu itatha anandiitanira m'chipinda chake chovalira. Anatseka chitseko. Nsapato anali atavula kale.

"Khala pansi, Taquio. Osati pamenepo, ukhalira wigi."

Anandipatsa mapepala atatu. Ndinawayang'ana. Mayi wina akusita malaya a mwamuna wake amene anafa pa chivomezi, akulankhula yekha.

"Ndi za ndani izi?"

"Itzel Urrutia. Kamtsikana, koma mutu ulipo. Ali ndi kanyumba ka zisudzo ku Coyoacán, mipando makumi asanu ndi atatu. Akufuna mayi mmodzi pa siteji, yekha, ola lathunthu. Lachinayi masana akufuna andimve ndikunena mapepala amenewa."

"Pamtima?"

"Ayi, pabondo. Eya, pamtima, nkhalamba iwe."

Ndinaseka. Iye sanaseke.

"Lachisanu a kampani akufuna ndisaine zaka zina zitatu pa sofa ija," anatero. "Ndikapeza sewero ili sindisaina. Ndatopa, Taquio. Dzulo ndinafunsa galu mafunso. Galu! Ndipo funsolo unandipatsa ndiwe."

"Galuyo anayankha bwino kuposa alendo ena."

Tinayamba madzulo omwewo kunyumba kwake. Mutu wa Griselda si woipa. Manambala a foni a anthu omwe anamwalira kalekale amawadziwa. Koma mzere wa sewero umalowa khutu ili, kutuluka pakamwa, osasiya kanthu. Zaka makumi atatu ndi zisanu anaphunzira chinthu chimodzi: kuiwala msanga kuti mzere wotsatira upeze malo.

Lachiwiri anagwira pepala loyamba. Lachitatu anafika pakati pa pepala lachiwiri. Koma ankayang'ana pakamwa panga. Ndikatembenukira kukhoma, ankaima.

"Milomo yako imagwedera," anatero. "Sudziwa?"

"Ndi ukalamba."

"Bodza. Umanong'oneza ngakhale uli m'tulo, mkazi wako anandiuza."

Lachitatu madzulo anaponya mapepala patebulo, khofi n'kutayika.

"Mawa ubwere ndi kansawawa."

"Chela," ndinatero, kumutchula dzina lake lachidule, "ku zisudzo za pa siteji sachita zimenezo."

"Ndikudziwa zimene sachita. Tsitsi ndiligwetsera mbali ino. Iwe ukhala m'galimoto panja. Foni ndiisiya yotsegula m'thumba kuti uzindimva. Ndikungofuna andisankhe basi. Zikatheka, ndili ndi miyezi iwiri yoloweza."

"Ukagwidwa?"

"Ndidzati ndine gonthi, n'kondithandiza kumva."

Ndinabwereka kawailesi ka ku situdiyo kotumizira mawu ku kansawawa osauza munthu. Lachinayi pulogalamu itatha tinanyamuka pa galimoto yanga, chifukwa yake anthu amaidziwa. Ndinaimika pansi pa mtengo, moyang'anizana ndi khomo la kanyumba ka zisudzo kaja. Mayi wogulitsa matamale, zakudya za ufa wa chimanga zokulunga m'makoko, anamuzindikira ali pakona.

"Ee, si uja anafa pa ngozi uja? Mayi, ndinakulirirani sabata yathunthu!"

"Mulungu akudalitseni, mayi anga," anatero Griselda, ndi kumwetulira kwa pa kanema. Analowa.

Ndinavala zomvera. Ndinamva nsapato zake pa matabwa. Ndinamva mawu a Itzel, ouma, a munthu wosuta.

"Mayi Ocampo, zikomo pobwera. Thebulo lositira ndi ilo. Yambani mukakonzeka."

Ndinayamba. "Malaya ake ndimasitabe Lachiwiri lililonse."

"Malaya ake ndimasitabe Lachiwiri lililonse," anatero Griselda.

Anali bwino. Ndikunena zoona. Ndamumva akulira maulendo mazanamazana, misozi ya mankhwala a m'maso. Apa mawu ankachokera kwina. Pansi. Pepala loyamba linatha ngati madzi.

Pamenepo ndinachita chinthu chimene sindinachitepo chiyambire ntchito. Ndinakhala chete. Ndime imeneyo ankaidziwa, ndinamumva akuinena kasanu dzulo lake. Ndinaganiza kuti akangodutsa mzere umodzi yekha, ena abwera okha.

Ndinamva mpweya wake pa foni. Kulowa, kutuluka. Ndinawerenga mumtima. Zisanu. Zisanu ndi zitatu. Khumi. Ayironi inagunda pa thebulo. Palibe mawu.

Ndinayambiranso kuwerenga. Anatsatira pomwepo, ngati sipanachitike kanthu. Tinafika kumapeto.

 Kenako mpando unalira.

"Mayi Ocampo," anatero Itzel, "chotsani chimene chili m'khutumo."

"Pepani?"

"Amayi anga ankaonera masewero anu onse, ine ndili pamwendo pawo. Mumapendeketsa mutu kumanzere mzere usanabwere. Nonse a pa kanema mumatero. Ndani ali mbali inayo?"

Griselda anatchula dzina langa lonse. "Eustaquio Barragán."

"Moni, bambo Barragán, ngati mukundimva. Mumawerenga bwino."

Ndinatuluka thukuta m'galimoto ngati wakuba wogwidwa pamsika.

"Sindikukuthamangitsani," anapitiriza Itzel. "Zimene ndamva pano ndazifuna kwa anthu khumi ndi awiri, sindinazipeze. Ikani kanthuko pa thebulo. Mundipatse pepala loyamba lokha. Lokha basi. Mukalakwitsa mawu zilibe kanthu."

Ndinamva kugogoda kwakung'ono. Kansawawa pa thabwa. Tsopano ine ndinali kumva, iye osandimva.

Nsapato zinayenda masitepe awiri. Zinaima.

"Malaya ake," ndinanena m'galimoto, ndekha, kwa maikolofoni yosapita kulikonse. "Malaya ake, Chela. Tiye."

Anakonza kukhosi. "Malaya," anatero. Kenako mpweya.

"Musafulumire," anatero Itzel.

Mphindi inatha. Ndinaiona pa wotchi ya galimoto. Ina inayamba.

"Muli zii m'mutu muno," anatero Griselda. Mawu ake anali aang'ono, ngati a mtsikana uja wa zaka khumi ndi zisanu ndi zinayi. "Mawuwo alimo. Ndikuwadziwa. Koma ndikudikira kuti wina ayambe."

"Pano palibe woyamba, mayi. Ndi inu nokha, ola lathunthu, masiku makumi anayi."

"Ndikudziwa."

"Pepani kwambiri."

"Musapepese, mwanawe. Mwandipatsa mwayi kawiri."

Anatuluka atavala magalasi akuda. Wa matamale anamukodola, iye sanaone. Analowa m'galimoto n'kuika kansawawa m'mbale ya ndudu.

Tinalowa mumsewu wa Tlalpan. Unali utadzaza. Mabasi, matakisi, dzuwa pamalata. Tinkayenda utali wa galimoto imodzi, n'kuima.

"Unasiyiranji kuwerenga pakati paja?"

"Ndimaganiza kuti upitiriza wekha."

"Ntchito yako si kuganiza."

"Ndamva."

"Akanandigwirabe," anatero. "Mutu wopendekekawu."

 Sitima ya mumzinda inatidutsa pakati pa msewu, yodzaza, anthu atakanikizika pamagalasi. Kenako ndinamva mawu pambali panga, otsika.

"Malaya ake ndimasitabe Lachiwiri lililonse. Kolala ndimayamba nayo, chifukwa ndi pamene ankayang'ana poyamba."

Sindinatembenuke. Milomo ndinailuma. Ananena pepala loyamba. Lachiwiri. Anadutsa pamene anaima paja osapunthwa. Pepala lachitatu, limene sanaligwirepo kunyumba, analinena lonse mpaka mzere womaliza, maso ali pa bampala ya basi ya kutsogolo.

"Tibwerere," ndinatero. "Chela, tibwerere pompano. Pokhotera pali patsogolopa."

"Kuti ndikaime pa matabwa paja n'kumadikiranso? Muno ndanena chifukwa uli pambali panga, Taquio. Ngakhale utatseka pakamwa, ulipo. Ukakwera nane pa siteji masiku makumi anayi? Uvale diresi?"

"Miyendo ndili nayo yabwino."

Anaseka pang'ono, kamodzi. Pokhotera panafika. Ndinayatsa nyale yokhotera. Anatambasula dzanja n'kuizimitsa.

Foni yake inalira. Anali Fabián, mkulu wa pulogalamu yathu. Anavula magalasi, n'kupukuta pansi pa maso ndi chala, ngati kuti Fabián akumuona.

"Fabiancito, mwana wanga! Ayi, ndinali kwa dokotala wa mano. Mawa teni koloko pulogalamu ikatha? Ndibwera. Cholembera ndibweretsa changa." Anamvetsera. "Mlendo ndi ndani? Aa, wa mafuta uja. Chabwino. Mafunso umupatse Taquio."

Anatseka foni. Basi ya kutsogolo inasuntha pang'ono. Ndinaitsatira.