Ba Sophie ndi M'bale wa Yani?

"Nanga nkhalamba yanu ija muinyamula lero kapena mawa?"

Amalume a Hosea anafunsa ngati akufunsa za mpando, maso ali pa mulu wa zovala za malemu mlongo wawo Mainess. Maliro anali ataikidwa dzulo lake, ndipo abale anali atakhala pa mphasa m'nyumba ya lendi ija ku Kanyama, kugawana zotsala. Zotsalazo zinali zochepa: madiresi, mapoto, wailesi yosalankhula, ndi mayunifomu oyera aunamwino amene aliyense ankawalambalala.

Marjory, mwana yekhayo wa malemuyo, sankakhazikika. Akakhala pansi ankadzukanso, akatuluka panja ankabwereranso osadziwa chimene watsatira. Funsolo linamupeza ataima pakhomo.

Azakhali a Maud, mlongo wa malemu bambo ake a Marjory, anasiya kupinda chitenje.

"Nkalamba yatu? Mukamba ba Sophie? Awe mwandini, ni banu baja. Ni ba ku Katete."

"Ku Katete ndimachokera ine, mayi. Ndingalephere kudziwa m'bale wanga? Mainess anandiuza yekha kuti ndi mayi aang'ono a mlamu wanga Mutale, a ku Kasama."

"Mutale na ine mimba imozi! Ananiuza na pakamwa pake ati ni ba kuchikazi. Imwe bakum'mawa, mbeba zinakusilizani nzelu."

"Inunso anyani amene mumadya aja anakuchotsani manyazi."

Anthu anaseka, pakuti Abemba ndi akum'mawa akakumana pamaliro kunyozana ndiye chakudya chawo. Koma kusekako kunazima msanga, ndipo maso onse anapita pa nsalu yotchinga khomo la kuchipinda.

Kuseri kwa nsaluyo kunagona ba Sophie. Mbali imodzi ya thupi lawo inafa kalekale, lilime nalo linalemera moti mawu awo ankamveka kwa Mainess yekha. Marjory anakula akuwatchula ambuye, ndipo sanafunsepo kuti ndi a mbali iti. Ndani amafunsa kumene agogo ake anachokera? Akuchikazi akabwera ankawagwadira n'kumayamika Mainess posunga apongozi, koma pobwerera ankang'ung'udza kuti Abemba amutula mwana wawo katundu. Akuchimuna nawo ankachita chimodzimodzi. Zaka zonsezo aliyense ankalemekeza m'bale wa mnzake.

Tsopano mwini nyumba ankafuna makiyi mwezi ukamatha. Munthu wopanda mutu uja anafika mpaka pobweretsa wolowa watsopano kudzasuzumira pawindo anthu ali mkati molira.

"Marjory, tauza akuluakuluwa," anatero amalume. "Iwe ndiwe wakulira pano."

"Siniziba, bamalume."

Ba Musonda, namwino amene anagwira ntchito ndi Mainess kuchipatala chaching'ono cha m'komboni, anali atakhala pakona. Anakhosomola kaye.

"Nimvelekoni. Ba Sophie si ba ku Katete, si ba ku Kasama. Banabasiya pa benchi ku kiliniki, chaka chija bantu banapwanya mashopu chifukwa cha unga. Bamene banababweletsa banati tiyenda kugula mabanzi, mpaka lelo bakali kugula. Ise tilibe mabedi yogoneka bantu, na kuchipatala chikulu banabakana. Mainess anabatenga ati ni va masiku yang'ono chabe."

"Nanga bodza lija linali la chiyani?" anafunsa amalume, mawu atatsika.

"Sembe anakuuzani chilungamo, sembe munavomela? Mwana kusukulu, unga wa pa mzele, mwamuna malipilo yochedwa. Banapangana na ba Mutale ati aliyense anamize bake."

Amalume a Hosea anayamba kupukuta magalasi amene anali oyera kale. Tisafulumire kuwaweruza anthuwa. Kumudzi kwa amalumewo chipatala chili kutali, mvula inawakana, ndipo akazi awo nawonso ndi odwaladwala. Azakhali a Maud ku Matero anali ndi ana amasiye odzaza nyumba, osiyidwa ndi ana awo aamuna amene matenda a masiku ano anawatola motsatizana. Aliyense ananena zake, ndipo zonse zinali zoona. Pomaliza maso anagwera Marjory, monga mmene madzi amafunira potsika.

Marjory anamva mkwiyo ukumukwera. Iye ku Chawama ankakhala m'chipinda chimodzi ndi mwamuna wake Moven ndi ana awiri. Moven anachotsedwa ntchito kampani itagulitsidwa, ndipo chimene chinkawadyetsa ndi kamulu ka salaula, zovala zakaunjika, kamene Marjory ankayala m'mbali mwa msewu. Masiku onse a malirowa mtima wake unali pa malo akewo, kuopa kuti wina ayalapo kale.

"Ba boma sibali na nyumba za nkalamba?" Moven anafunsa ali panja pa khomo.

"Zinazula kudala na bantu," anatero ba Musonda. "Bantu bafa bakali kuyembekeza malo."

"Manje tibabweze kwamene amai banabatenga," anatero Marjory. "Pa benchi paja. Wina azabatola."

Palibe anamudzudzula, ndipo chimenecho ndicho chinamupweteka kwambiri. Anatuluka n'kukagwada pa beseni la mbale za pamaliro. Unali mwezi wa Juni, mphepo ikuulutsa fumbi ndi mapepala m'tinjira ta Kanyama, madzi a m'diramu akuluma zala. Anatsuka mbale mokalipa ngati ndizo zamulakwira.

Kunena zoona, Marjory ankawakwiyira amayi ake, ndipo imfa sinauchotse mkwiyowo. Mainess anali wa aliyense. Mwana wa mnansi akatentha thupi, Mainess. Mayi akayamba kumva kupweteka kwa pakati, Mainess. Pamene kuchipatala kunalibe ngakhale panado, anthu ankapitabe kuti Mainess akangowagwira pamphumi. Koma tsiku limene Marjory ankabereka mwana wake woyamba, amayi ake anafika zonse zitatha, akununkha mankhwala a odwala ena. Pomaliza anagwa pa ntchito n'kufa osatsanzika, n'kumusiyira cholowa chopuma chimene sichinali ngakhale magazi awo.

"Marjory!" anaitana azakhali a Maud. "Sutikesi ya bamako ili pansi pa bedi. Bweletsa tisilize, mamotoka yazavuta."

Analowa kuchipinda manja akudontha. Munali kafungo kamene sanakamvepo m'nyumba ya amayi ake. Ba Sophie anagona chammbali, nkhope ili kukhoma, aang'ono ngati mwana pansi pa bulangete. Azimayi a mpingo ankawamwetsa phala ndi kuwasinthira nsalu masiku a maliro, koma palibe anaganiza zowatembenuza.

Ba Musonda anamutsatira. Anakweza bulangete n'kuyang'ana msana, zigongono, zidendene. Khungu linali losalala, lodzoledwa. Kenako anapendeketsa pang'ono chiuno chimene chinali pansi, n'kuima. Pafupa penipeni panali patafiira, pakati pake patayamba kunyuka.

"Zaka zonse izi, palibe chilonda olo chimozi," anatero motsitsa. "Ichi ni choyamba. Uganiza bamako benze kubwelela chani kunyumba masana, na mendo, njala ili m'mimba?"

Marjory ankakumbukira. Amayi ake ankalowa mothamanga dzuwa lili pamutu, n'kupitirira kuchipinda, n'kutulukanso osakhudza mbale. Iye ankayesa kuti amabwera kudzaona ngati wasesa.

Ba Musonda anatuluka kukafuna madzi a mchere. Marjory anatsala ataima, sutikesi ataiiwala. Pabalaza amalume ankafunsa nthawi imene basi ya kum'mawa imanyamuka. Iye ankafuna kuthawa, kukwera minibasi, kukayala salaula wake, kukhala munthu wopanda nkhalamba. Koma chilonda chija chinali chitamulowa m'maso. Anadziuza kuti angowatembenuza kamodzi kokha, basi, zinazo zioneka.

Anawerama n'kulowetsa dzanja pansi pa phewa.

Ba Sophie ananjenjemera. Dzanja lawo lamoyo linatuluka m'bulangete n'kugwira mkono wa Marjory, mwamphamvu kuposa mmene iye ankayembekezera. Anaganiza kuti akumukana, mwina anamva zonse zimene zinanenedwa kuseri kwa nsalu, ndipo manyazi anamugwira. Koma nkhalambayo inakokera chikhatho chake pa chinzake, n'kuyamba kuzisisititsa pang'onopang'ono, chimodzi pa chinzake. Kenako inazikokera pakamwa pa Marjory mwiniyo, n'kufufumitsa masaya ngati wouzira moto.

"Mai...nesi," anatero movutikira.

Apo Marjory anamvetsa. Amayi ake, ngakhale athamange chotani, sankakhudza munthu ndi manja ozizira. Misozi imene inakana kutuluka kumanda inatuluka tsopano, ndipo sanaipukute. Anatikita zikhatho zake, anauziramo mpweya, anatikitanso mpaka zinafunda. Atawerama kachiwiri, ba Sophie anakweza mkono wawo n'kuukoleka m'khosi mwake, ngati munthu wodziwa bwino mbali yake ya ntchitoyo.

Moven anasuzumira pa nsalu. "Tiyende, Marjory. Bana bali beka kunyumba."

"Tiyenda nabo," anatero osacheuka.

"Tizabagoneka kuti?"

"Siniziba. Bwelani mugwile kumendo."

Moven anaima kanthawi akuyang'ana mkazi wake, kenako anapinda manja a malaya n'kuyandikira bedi. Atatambasula manja, Marjory anamutchinga ndi chigongono.

"Osati so," anatero. "Yambani mwafundisa manja."