Ndime Yachitatu Pakhomo pa a Badri Prasad

Chaka chimene filimu ija ya mwana wa mwini minda inatuluka, ife a bandi ku Hardoi tinaiwala kuti padziko pali nyimbo zina. Ukwati uliwonse, mkwatibwi akamatuluka pakhomo pa makolo ake kupita kwa mwamuna, anthu ankafuna nyimbo imodzi yomweyo, yotsanzikira. Ogulitsa tiyi ankaiika m'makaseti kuyambira m'mawa, opalasa njinga zonyamula anthu ankaiimbira mluzu, mpaka ine Riyasat, amene ndakalamba ndi chitoliro pakamwa, ndinafika podana nayo ngati dzino lobooka. Filimuyo ndinaionera kamodzi ndipo ndinagona chapakati. Nkhani yake inali yodziwikiratu. Mtsikana athawa ndi mnyamata wosauka, bambo akwiya zaka zambiri, kumapeto onse alira, anthu atuluka m'holo akumina.

Nyimboyo tinaiphunzira mmene tinkaphunzirira zonse. Tinaika kaseti, kumvera poyambira ndi ndime yoyamba, basi n'kuzimitsa. Ife a malipenga mawu sitiimba, ndiye kwa ife ndime zonse n'zofanana: ukabwereza katatu waimba ndime zitatu. Komanso paukwati ndani amamvera mpaka kumapeto? Amayi akulira, amalume akukangana ndi dalaivala, inu musanatope mkwatibwi wapita kale. Bandi iliyonse m'tauni mwathu inkachita zomwezo, tisanamizanepo.

Mayi wina anabwera Lachiwiri m'mawa, dzuwa litakwera kale. Ndinali m'kashopu kathu ndi Chhedi, womenya ng'oma yaikulu, mnzanga wa msinkhu umodzi amene pakamwa pake sipauma. Tinkapukuta malipenga. Nditadzutsa mutu ndinaona munthu ataima pakhomo, atavala nsalu ya sari yofiira ya ukwati, nsonga yake itaphimba nkhope mpaka pachibwano. Zibangili zinali zatsopano, zodzaza mikono yonse iwiri. Tsitsi linali lonyowa, likudontheza madzi pasitepe, chonsecho mwezi umenewo ngakhale galu akagwera m'ngalande ankauma asanafike kutsidya kwa msewu.

"Ndinu a Riyasat a bandi?" anafunsa.

"Ndine, chemwali. Lowani, dzuwalo likupwetekani."

"Pompano pali bwino. Ndikufuna bandi yanu lero, dzuwa likafika paliwombo. Pakhomo pa a Badri Prasad, ogulitsa nsalu aja, kuseri kwa chitsime chakale."

"Lero lomweli?" anatero Chhedi. "Mkwatiyo mwamutola pamsika m'mawa uno eti?"

Mayiyo sanaseke.

"Wotsanzikayo ndine. A Badri Prasad ndi bambo anga. Ndinachoka pakhomopo zaka zisanu ndi zinayi zapitazo, kudzera kuseri, nsapato zili m'manja. Sananditulutse ndi dzanja lawo, ndipo chichokereni sanandiyang'anepo. Lero ndidutsa pamenepo. Ndikufuna atuluke."

Apa m'pamene ndinadziwa amene tikulankhula naye. Nkhani ya Kusumlata inkadziwika tauni yonse. Anathawa ndi telala wina dzina lake Devkinandan, wa mtundu umene a Badri Prasad sakanamwa madzi ake ngakhale atatsala pang'ono kufa ndi ludzu. Mkuluyo anameta mutu ngati wafedwa, n'kulengeza kuti alibe mwana. Mkazi wawo anamwalira akupempha, koma iwo osagwedezeka. Mwanayo ankakhala kutsidya kwa njanji, ulendo woti munthu n'kupita n'kubwera tiyi asanazizire.

"Chemwali, musandiimbe mlandu pofunsa," ndinatero, "koma zaka zalephera, ndiye nyimbo ikawatulutse?"

"Filimu ija amakaonera okha Lamlungu lililonse. Amakhala kumbuyo kwenikweni, ambulera ili pamwendo. Anthu amandiuza. Ikafika ndime yachitatu, pamene bambo amayankha, amavula magalasi. Muiimbe yonse, achimwene, mpaka ndime yachitatu. Ziwiri zoyambazo n'za mwana. Iwo sangatuluke pa ndime ya mwana."

"Gonani tulo, chemwali. Nyimbo imeneyo ndimaiimba ngakhale ndikulota."

Anatembenuka n'kumapita. Ankayenda timapazi ting'onoting'ono, phazi lina osalisiya linzake, ndipo zibangili zonse zija sizinkalira ngakhale pang'ono.

"Taona kayendedweko," anatero Chhedi, "ngati nkhuku yomangidwa miyendo. Koma iwe Riyasat, mkwatibwi wanji wodzifunira yekha bandi? Wopanda ndi womuperekeza yemwe?"

"Ntchito yabwera, iwe ukufunsa kuti yakwera chiyani."

"Bwanji timvere kasetiyo mpaka kumapeto?"

"Iwe ng'oma yako ili ndi ndime zingati? Du du du chaka chonse, lero wasanduka mphunzitsi wanga?"

"Ukaipa dziwa nyimbo, mnzanga. Iwe kuipa unaipa kale, ndiye zinazo samala."

Ndinamuponyera chinsanza chopukutira. Kasetiyo inali pashelefu, pafupi ndi dzanja langa. Sindinaitenge, chifukwa sindinafune kuti womenya ng'oma akauze anthu kuti anandiwongolera.

Tinafika pamalopo tili asanu ndi anayi, m'majekete athu ofiira a mphonje zagolide, thukuta lili kamukamu. Pakhomopo panalibe nkhata za maluwa, panalibe tenti, panalibe utsi wa ophika. Chitseko chachikulu chobiriwira chinali chotseka, mazenera otseka. Azimayi a nyumba zoyandikana anayamba kusuzumira ali pamwamba pa madenga, akunong'onezana. Ndinachita manyazi ngati munthu amene wavala bwino n'kulowa nyumba yolakwika.

"Tiyambe?" anafunsa wa lipenga lalikulu.

Ndisanayankhe tinamva mawu kumunsi kwa msewu, amuna ambiri akubwereza pamodzi mawu aja oti dzina la Mulungu ndilo choona. Maliro. Mwambo wathu ndi woti maliro akamadutsa bandi imakhala chete, choncho tinatsitsa zida n'kupatukira kukhoma. Ndinadabwa chabe kuti akudzera kuno bwanji, poti njira ya kumtsinje kootchera mitembo ili kwina.

Kutsogolo kunali mwamuna wowonda, wosavala nsapato, atanyamula kamphika ka moto. Ndinamuzindikira, anali telala uja. Pambuyo pake amuna anayi anasenza chithatha chansungwi, ndipo nsalu yake sinali yoyera koma yofiira. Mkazi akafa mwamuna wake ali moyo timamuveka ngati mkwatibwi, zibangili ndi zonse. Mphepo inanyamula nsalu cha kumapazi. Zala zazikulu ziwiri za kumapazi zinali zomangidwa pamodzi ndi ulusi, monga amachitira akamaliza kusambitsa mtembo. Kumutu madzi ankadontha kuchokera m'tsitsi, dontho ndi dontho, akusiya kamzere m'fumbi.

Chhedi anagwira mkono wa munthu wina woperekeza.

"Akulu, ndani ameneyu?"

"Mkazi wa telala, Kusumlata. Malungo. Watisiya tambala asanalire."

"Asanalire? Lero?"

"Lero lomwe. Kudzera kunoku anapempha yekha dzulo."

Chhedi anandiyang'ana.

Chithatha chitafika molunjika ndi chitseko chobiriwira, osenza aja anaima. Sanafune kuima. Ndinaona maondo awo akupindika, mitsempha ya m'khosi itatuluka, nsungwi zikulira. Anawonjezekera amuna awiri, kenako ena awiri. Mkazi amene malungo anamumaliza mpaka kutsala mafupa, amuna asanu ndi atatu analephera kumusuntha ngakhale phazi limodzi. Mawu obwereza aja anazima okha. Msewu wonse unangoti zii, kumangomveka khwangwala padenga la munthu.

Telala anatembenukira kwa ine, maso ali psuu.

"Wakuitanani ndani, achimwene?"

Chhedi anandigunda ndi chigongono.

"Imba, Riyasat," ananong'ona. "Akudikira."

Ndinakweza chitoliro n'kuyamba. Anzanga analowa mmodzimmodzi. M'moyo wanga sindinaimbepo mosamala choncho. Tinadutsa poyambira, tinadutsa ndime yoyamba. Pansi pa chitseko panali kampata, ndipo m'kampatamo ndinaona mapazi awiri ataima, atavala nsapato zopukuta bwino. Tinabwereza kachiwiri. Mapaziwo anasendera pafupi, mpiringidzo unalira pang'ono ngati munthu waikapo dzanja. Ndinati zatheka, kwatsala kamodzi.

Tinabwereza kachitatu, ndipo mapazi aja sanasunthe.

"Si imeneyo!" anakuwa mayi wina ali padenga. "Yachitatu siyenda choncho! Imatsika pansi, imayenda pang'onopang'ono! Inu a bandi, filimuyo simunaione?"

Ndinayesa kuifufuza ndi zala, kutsitsa apa, kukoka apo, koma ungatole bwanji chimene sunachionepo? Ndinayang'ana wa lipenga laling'ono, anapukusa mutu. Ndinayang'ana wa lipenga lalikulu, anayang'ana pansi. Amuna asanu ndi anayi, tonse tadya za nyimbo imeneyi chaka chathunthu, wopanda ndi mmodzi yemwe woidziwa kumapeto kwake. Azimayi padenga anayesa kuiyamba, koma wina anayambira pamwamba wina pansi, ena akulira, n'kungokhala phokoso. Posowa chochita ndinabwereranso pa ndime ya mwana, kachinayi.

Tili chapakati, chithatha chinapepuka mwadzidzidzi. Osenza aja anadzandira kutsogolo, wina mpaka kugwada. Madzi a m'tsitsi anasiya kudontha. Telala anayang'ana chitsekocho kanthawi, n'kupukuta nkhope ndi mkono, n'kuyamba kuyenda. Maliro sacheuka. Anthu anayambanso mawu awo aja, anakhota pachitsime, n'kuzimiririka.

Tinasiya kuimba popanda wouza mnzake.

Kenako mpiringidzo unagwa ndipo chitseko chinatseguka. A Badri Prasad anali atavala malaya ataliatali osita bwino, kumutu atamanga nduwira yofiirira imene bambo a mkwatibwi amamanga tsiku lotulutsa mwana. Inali ndi mizere ya mopindira, ngati yangochoka m'bokosi momwe yagona zaka. Magalasi anali m'manja. Anayang'ana msewu wopanda munthu, n'kuyang'ana kamzere ka madzi kamene kanali katayamba kale kuuma.

"Mkulu wa bandi ndani?" anafunsa.

"Ndine, bambo."

"Ndime yanga ili kuti?"

Ndikanatha kunama. Ndanamapo kwa akwati, kwa apongozi, kwa apolisi amene. Koma apa bodza linakana kutuluka.

"Sitiidziwa, bambo. Ndinkayesa zonse n'zofanana."

Ndikanakonda akananditukwana.

"M'mawa uno ndimamwa tiyi," anatero, "ndinamva mawu ake kuseri kwa chitseko ichi. Anati, bambo, valani, ikafika ndime yanu mutuluke. Zaka zisanu ndi zinayi ndakhala ndikusowa poyambira. Munthu unameta mutu pamaso pa tauni yonse, ungatuluke n'kunena chiyani? Lero ndinati bandi indiyambira, ine ndingolowa. Dzanja linali pampiringidzo. Ndinkangoti ikubwera, ikubwera."

"Bambo, thamangani," anatero Chhedi. "Sanafike patali, ndikuperekezani."

Mkuluyo anapukusa mutu.

"Amene apitawo anyamula nsalu chabe. Iye wachoka pompano. Ndamumva akuchoka."

Sanawonjezere kuti wolakwa ndani, ndipo mpaka lero sindidziwa mmene tingagawanirane. Iwo anali ndi zaka zisanu ndi zinayi, ine ndinali ndi kaseti pashelefu ndi m'mawa wathunthu. Chimene ndikudziwa n'choti mayi uja anapempha kanthu kamodzi kwa ine, ndipo ndinamuuza kuti agone tulo.

A Badri Prasad anatsika masitepe awiri n'kuima pakati pa msewu, pamalo pomwe chithatha chinakanirira. Anatsokomola kuti akonze kukhosi. Ndiyeno, dzuwa likuswa mtengo, anthu ali yakaliyakali pamadenga, wogulitsa nsalu wokalamba uja anayamba kuimba yekha. Mawu ake anali osweka, osagwira bwino, koma nyimboyo inatsikadi pansi monga ananenera mayi wa padenga uja, ikuyenda pang'onopang'ono ngati munthu wosenza katundu.

"Mpiringidzo ndachotsa, mwanangu, pita bwino. Ukadzamva ludzu kumeneko, mtsuko wako uli pomwe unausiya."

Pofika pa mtsukopo mpweya unawathera. Anaima, n'kuyambiranso pachiyambi, maso ali pansi.

Ndinakweza chitoliro n'kuyamba kuwatsatira, ndikuiphunzira pakamwa pawo. Nthawi yonseyo ndinkabwera pambuyo pawo, mochedwa ndi liwu limodzi.