Kuvota Choimirira

Amene anamanga nyumba ya khonsolo ya tauniyo anaika zimbudzi ziwiri, china cha abambo, china cha amayi. Koma poti kwa zaka zambirimbiri panalibe mkazi wokhala patebulo la makhansala, cha amayicho chinasanduka mosungira matayala akutha ndi mipando yothyoka miyendo. Kiyi wake anatayika kalekale, ndipo palibe anamulira maliro. Choncho khansala wamkazi mmodzi yekhayo, amene Wapampando ankakonda kumutchula kuti Duwa, akapanikizika ankatsika masitepe, n'kudutsa msewu, n'kulambalala ogulitsa nthochi mpaka kukafika kuchimbudzi cha pamsika.

Dzina la Duwalo iye ankadana nalo. Anali mayi wa ana anayi, telala wodziwika tauni yonse, ndipo pachisankho anagwetsa amuna atatu ndi mimba zawo zomwe. Koma dzina lachipongwe likakumata m'khonsolo silichoka ndi sopo.

Ulendo woyamba kupita kumsikako, pobwera anapeza atamusankha kukhala mkulu wa komiti yokongoletsa holo. Ulendo wachiwiri anapeza nkhani ya mijigo, imene anaikonzekera mpaka kuwonda nayo, itakambidwa kale n'kutayidwa, anzake akusekerera. Apa m'pamene anazindikira kuti amuna aja sankangowerenga malamulo okha ayi, ankawerenganso chikhodzodzo chake.

Ndipo chikhodzodzocho chinalidi chofooka. Mwana wake womaliza anabadwira m'njira, kumbuyo kwa lole yonyamula njerwa, chipatala chili kutali. Mwanayo anakhala moyo, koma thupi la mayi linaiwala kudikira. Imeneyi inali nkhani ya kuchipinda. Ankaidziwa ndi iye mwini, namwino amene anamusoka, ndi mwamuna wake basi.

Tsono kuseri kwa chipatala cha tauniyo kunali nyumba yodikirira, momwe amayi oyembekezera ochokera kutali ankagona podikira tsiku lawo. Inali nyumba yosaoneka bwino, ya malata adzimbiri, koma inkapulumutsa anthu kuberekera m'malole. Malowo anali a khonsolo, ndipo Wapampando anaganiza zoigwetsa kuti pamangidwe galaja ya magalimoto a makhansala, poti dzuwa linkawononga penti. Makhansala anagawanika pakati ndendende, ndipo Duwa ndiye anali wowonjezera. Iye akakhala m'chipindamo pa nthawi yovota, nyumbayo ipulumuka. Akatuluka, mavoti afanana, ndipo mavoti akafanana wodula mlandu ndi Wapampando.

Tsiku la msonkhano linamupeza Duwa kukhosi kuli gwaa, chifukwa sanalawe dontho la madzi chiyambire dzulo lake masana. Anavala suti yotuwira imene anasoka yekha, mkati ataikamo nsalu zopindapinda.

"Ngakhale tiyi osamwa, mayi a ana?" anafunsa mwamuna wake, akumanga nsapato.

"Ndikamwa pobwera, bambo."

"Ndale zanuzi zidzakuumitsani ngati nkhuni," anatero bamboyo akuseka, koma osamuyang'ana. Chipambanire mkazi wake, anthu ankamutchula kuti mwamuna wa akhansala, ndipo dzinalo linkamuwawa kuposa dzino lobooka.

Pakhonde la khonsolo Duwa anapeza amayi a m'nyumba yodikirira atakhala pansi, miyendo yotupa atatambasula. Mlonda anawakaniza kulowa, akuti mipando ya alendo ikupakidwa vanishi. Wina wa iwo, wamimba yaikulu kwambiri moti anzake ankamuseka kuti Wamapasa, anamugwira dzanja.

"Amayi, ife tili pompano. Mukatilankhulire."

"Musadandaule, achemwali. Lero sindituluka."

M'chipindamo munali tebulo lalitali, mipando yachikopa, ndi pansi pofiira popakidwa polishi. Mpando wa Wapampando unali pamwamba pang'ono, kuti aziona aliyense mpaka nsapato. Pambali pa Duwa pankakhala Aphunzitsi, bambo wachikulire wopuma ntchito, mkulu wa mpingo, munthu waulemu wake moti ankaimirira Duwa akamalowa. Iwowa ndiwo anali mzati wa mbali yofuna kusunga nyumbayo. Moyang'anana nawo kunkakhala Abutcha, mwini mabutchala awiri, bwenzi la Wapampando la pamowa.

"Tisanayambe," anatero Wapampando atavala magalasi, "nkhani ya nyumba yodikirira ija taisunthira kumapeto. Ndi nkhani ya amayi, ndiye tiipatse ulemu, tiikambe modekha."

Duwa anakweza dzanja. "Wapampando, inalembedwa koyambirira."

"Inalembedwa ndi pensulo, Duwa lathu. Mlembi, tiwerengereni za msonkhano watha."

Mlembi anawerenga ngati mwana wophunzira kumene. Atamaliza, Abutcha anati sanamve bwino pakati, ndiye anayambiranso. Kenaka inabwera nkhani ya penti ya pageti. Amuna akuluakulu, andevu zawo, anakangana za mtundu wobiriwira ndi wachikasu mpaka dzuwa linafika pamutu. Itatha imeneyo inabwera ya agalu oyendayenda, ndipo khansala aliyense anali ndi galu wake amene anamuluma ali mwana. Apo ndi apo mmodzi ankadzuka, n'kulowa pakakhomo ka pakona ka chimbudzi cha abambo, madzi n'kumveka akukhuthuka, iye n'kubwerako akumanga lamba, nkhani isanasunthe n'komwe.

Tiyi anabwera. Duwa anakankhira kapu kutali.

"Duwa losathirira limafota," anatero Wapampando. "Imwani, ndi wa boma ameneyu."

Duwa sanaikhudzenso kapuyo. Ngakhale sanamwe kanthu, thupi lili ndi zitsime zake. Dzuwa litayamba kupendeka anamva kulemera kuja kumene ankakudziwa bwino. Anapanikiza maondo, n'kuyamba kuwerenga mizere ya patebulo. Abutcha anamuyang'ana, n'kutenga jagi ya madzi. Anaikweza m'mwamba ndithu, n'kumathira m'tambula pang'onopang'ono, chuuu, maso ali pa iye. Atadzaza anabwezera madziwo m'jagi, n'kuyambiranso.

"Wapampando, ndikupempha kuti tipume kaye pang'ono," anatero Duwa.

"Malamulo salola kupuma ntchito ili mkati. Koma khomo ndi lotsegula, mayi. Kuno sitimanga munthu."

Abutcha anawerama patebulo, n'kulankhula motsitsa mawu koma mokwanira kuti oyandikana amve. "Pitani, mayi, musadzipweteke. Amuna anu ndi munthu womasuka akalawa. Dzana amatiuza kuti kwanu matiresi amaothera dzuwa tsiku lililonse ngati buluzi."

Awiri atatu anaseka chamumtima, mapewa akugwedezeka. Chipongwe cha Abutcha sichinali chachilendo kwa Duwa, koma ichi chinachokera pamtsamiro pake penipeni. Munthu amene ankamuthandiza kutulutsa matiresi m'mamawa ana asanadzuke ndi yemweyo anakawayala patebulo la mowa. Anafuna kulira, koma anadziletsa, poopa kuti akangomasula mbali imodzi thupi lonse limasuka.

Nkhani yake inafika mithunzi itatalika. Anaimirira mosamala, atagwira m'mphepete mwa tebulo. Zambiri zimene anakonza anazisiya. Anangonena kuti galimoto ikapsa ndi dzuwa amaipakanso penti, koma mayi akafera m'njira sapakidwa penti. Ananena kuti aliyense wokhala patebulopo anatuluka m'mimba ya mkazi, ngakhale ena akuoneka ngati anagwa mumtengo. Aphunzitsi anawomba m'manja, iye n'kukhala pansi thukuta lili kamukamu.

"Abutcha, muyankhe," anatero Wapampando. "Musafulumire, nthawi ilipo."

Abutcha sanafulumiredi. Anayambira pa mbiri ya tauniyo, n'kudzera pa mtengo wa penti, n'kufika pa agogo awo amene anabereka ana khumi popanda nyumba yodikirira. Anakumbutsa anzake kuti ng'ombe yaikazi sikoka ngolo. Anaima kuti amwe madzi. Anatsokomola. Anayambanso za agogo aja.

Zinachitika ali pakati pa agogowo. Duwa analuma mlomo mpaka kulawa magazi, koma thupi silimva malamulo a khonsolo. Anamva kufunda, nsalu zija zinalephera, ndipo mpando wachikopa sumwa madzi. Anakhala duu, maso patsogolo, manja patebulo. Mumtima ankangoti: ndi dzanja lokha likufunika. Ndikweza dzanja, tipambana, ndikhala pompano mpaka onse atuluke. Palibe adziwe.

Koma Wapampando anali pamwamba. Anaona kamzere konyezimira kakutuluka pansi pa tebulo, kakuyenda pang'onopang'ono papolishi wofiira. Anavula magalasi, n'kuwapukuta, n'kuwavalanso. Nkhope yake inawala ngati ya munthu amene watola chikwama pamsewu.

"Zikomo Abutcha, mwamveka. Tsopano tivote. Koma anzanga, nkhaniyi ndi yaikulu, ndipo manja amanamiza. Wina amakweza theka, wina amakanda m'mutu. Lero tivota choimirira, tauni idziwe amene waima pati. Mlembi, malamulo akuti bwanji?"

"Akuti kavotedwe amasankha ndi Wapampando, bwana."

"Basi. Ofuna galaja, imirirani."

Anaimirira, mipando ikukwekwereza. Mlembi anawaloza ndi cholembera mmodzimmodzi, n'kulemba. Anakhala pansi.

"Ofuna kuti chisakasa chija chikhale, imirirani."

Aphunzitsi anaimirira msanga, n'kukonza jekete. Anzawo anatsatira. Duwa yekha anatsala pampando. Maso onse anatembenukira kwa iye, ena odabwa, ena odziwa.

"Duwa lathu lasintha maganizo?" anafunsa Wapampando mokoma. "Palibe chokakamiza. Mukhoza kukhala, timvetsa."

Duwa anali ndi mantha, ndipo manyazi ankamuotcha makutu. Anadziwa kuti akaimirira, mawa nkhaniyi ikhala pamsika, m'mabasi, kusukulu ya ana ake. Anadziwa kuti dzina la Duwa litha lero, ndipo limene libwere m'malo mwake adzalowa nalo m'manda. Kenaka anakumbukira njerwa zikumukanda msana kumbuyo kwa lole ija, ndi dalaivala akumuuza kuti apirire. Anatsamira tebulo, n'kuimirira.

Siketi yotuwira sibisa kanthu. Chipinda chinati zii, moti madontho otsika pampando anamveka. Kenaka Abutcha anaphulika chikhakhali, akumenya tebulo, misozi ili mbwembwembwe. Anzawo anagwirizana nawo. Duwa sanawayang'ane. Anayang'ana Mlembi.

"Werengani," anatero.

Mlembi anayang'ana Wapampando, n'kuyambira kumapeto kwenikweni kwa tebulo, mosafulumira. Apa n'kuti Aphunzitsi atatembenuka kuti aone chimene chikuseketsa anthu. Anaona siketi, anaona mpando, anaona madzi atafika pansapato yawo. Nkhope yawo inagwa. Anatola chipewa, n'kuphimba nacho kumaso.

"Ayi, ayi, zoterezi mwamuna saona," anatero. "Pepani, mayi. Ndinu ngati mwana wanga."

Anayamba kuyenda cholunjika kukhomo.

"Aphunzitsi, musatuluke! Imani pomwepo!" anakuwa Duwa.

"Ndikukupatsani ulemu, mayi."

"Ulemu wanu sindikuufuna! Ndikufuna miyendo yanu! Aphunzitsi!"

Koma bamboyo, ndi mtima wake wabwinowo, anatseka chitseko mwakachetechete ngati akutuluka m'chipinda cha wodwala. Cholembera cha Mlembi chinafika pamalo pawo, n'kudumpha, n'kuloza Duwa.

"Afanana, bwana."

"Kalanga ine," anatero Wapampando, akupukusa mutu. "Mwandisenzetsa katundu. Chabwino, ine ndikuti galaja. Mlembi, lembani. Mulembenso kuti tikufunika mpando umodzi watsopano." Anamenya tebulo ndi kanyundo kake, msonkhano n'kutha.

Madzi akatayika saoleka. Duwa anatola chikwama chake, n'kudutsa pakati pa amuna amene ankamupatukira mokokomeza, ena atagwira mphuno. Chodabwitsa, mtima wake sunapse ndi Abutcha kapena Wapampando, pakuti fisi ndi fisi, sudabwa akakuluma. Unapsa ndi munthu amene anamupeza pamwamba pa masitepe, atayang'ana kukhoma, chipewa chili pachifuwa.

"Ine sindinaone kanthu, mayi," anatero Aphunzitsi osacheuka. "Ndipo sindidzauza munthu. Zatha bwanji mkatimo?"

Duwa anawalambalala. Anatsika masitepe, siketi yozizira ikumata m'miyendo.

Pakhonde amayi aja anadzuka movutikira, wina akukoka mnzake. Wamapasa anangoona kamodzi, osafunsa, osaseka. Anamasula nsalu imene anafunda m'mapewa, n'kumumanga nayo m'chiuno, n'kukoka mfundo bwinobwino ndi zala zake zotupa. Kukoma mtima kumeneku n'kumene kunamuthyola Duwa, misozi n'kuyamba kutsika.

"Musalire, amayi, izi n'zazing'ono. Tonsefe zimatichitikira," anatero Wamapasa, akumusisita pamkono. "Chachikulu n'chakuti simunatuluke. Tiuzeni, nyumba yathu ikhala eti?"

Duwa anapukuta misozi ndi dzanja. Kumbuyo kwake makhansala anali akutsika masitepe, makiyi a magalimoto akulira m'manja, akukambirana za mbali imene geti ya galaja idzayang'ane. Wamapasa anawamvetsera, dzanja lake n'kusiya kusisita. Anagwira pansi pa mimba yake ndi manja onse awiri.

"Anamwino akuti kwanditsalira milungu iwiri," anatero motsitsa. "Ndiye ndikadikire kuti?"