Chitupa cha Yuliet

Ndudu zamagetsi sindinazifune m'sitolo mwanga. Anandiumiriza ndi mkamwini wanga, ati achinyamata a ku Piedecuesta kuno sagulanso fodya wa azibambo awo. Ndinavomera, koma ndinazikhomera m'kabati yagalasi, kiyi n'kumamusunga m'thumba limodzi ndi kolona yanga. Lamulo limati wosakwana zaka khumi ndi zisanu ndi zitatu asagulitsidwe, ndipo ine ndimalisunga mpaka anthu amandiseka. Don Hermes, amene amamwa khofi pabenchi langa m'mawa uliwonse, amauza alendo kuti ndinafunsapo chitupa mkulu wadazi woyendera ndodo.

Ana a m'dera lathu okha sindiwafunsa. Zaka zawo ndimazidziwa kuchokera kutchalitchi, kumene ndachapa nsalu za ubatizo zaka makumi atatu. Asanu ndi awiri mwa iwo ndinawaimirira ndekha paubatizo. Amenewo amanditchula madrina, ndipo sadutsa pakhomo panga osapempha dalitso.

Yuliet ndi mmodzi wa anawo. Anabwera Lachiwiri m'mawa atavala bulauzi yoyera yosita bwino, tsitsi atalimanga ngati wa ku Misa.

"Dalitso, madrina."

"Mulungu akudalitse, mwanangu. Wadya?"

"Ndadya. Mundipatseko ndudu yamagetsi ija ya fungo la mango."

Anayankhula mokweza, akumwetulira, manja atawabisa kumbuyo.

"Iwe, wa zaka khumi ndi zisanu ndi chimodzi? Tenga switi uzipita."

"Simundifunsa chitupa?"

"Ndikufunsirenji? Ndinalipo paubatizo wako. Chaka chimene mtsinje unadzadza, ndimachidziwa."

Anatulutsa dzanja n'kuika chitupa patebulo. Magalasi anga anali pamwamba pa furiji ndipo sindinawatenge. Ndinangoona nkhope yamtsikana ndi chipumi cha banja lawo.

"Ichi ndi cha msuweni wako Marleny," ndinatero. "Wandipempha dalitso ndi pakamwa pomwepo pamene ukundinamizira?"

Don Hermes anayang'ana m'kapu mwawo. Mayi wobweretsa buledi anayamba kukonzakonza mikate imene anali atakonza kale. Ndinawaona onse awiri akumuchitira mwanayo chifundo chimenecho, koma ine lilime linali litatuluka basi.

Yuliet anatola chitupa chake, nachipukuta pabulauzi.

"Chabwino, madrina," anatero, n'kutuluka.

Masiku atatu anadzera tsidya lina la msewu. Ndinkamuona pawindo akupita kukakwera basi, maso ali pansi. Dalitso lake ndinkalinena chamumtima, koma dalitso losapemphedwa silifika bwino. Ndinkadziuza kuti ndachita zoyenera, ndipo popemphera ndinkapempha kuti mwanayo alape.

Lachisanu masana kunabwera amayi ake, a Fidelina, atanyamula magwafa m'jumbo. Chibatizireni mwanayo timatchulana comadre, ndipo sitinakanganepo. Anakhala pabenchi, navula nsapato imodzi.

"Comadre, mutu wanuwo uli bwinobwino?"

"Uli bwino. Mwana wanu ndi amene wayamba njira zachilendo."

"Ndifunseko. Paubatizo paja munamunyamula, kapena anayenda yekha?"

Ndinatsegula pakamwa kuti ndiyankhe, koma m'maganizo mwanga ndinaona tinsapato toyera tikuyenda pakati pa mabenchi, ndi kamwana kakukoka mkanjo wa wansembe, kakudandaula kuti madzi akuzizira.

"Mwaiwala momwe anadandaulira? Khanda limadandaula za madzi?" anatero a Fidelina. "Tinadikira zaka ziwiri, comadre. Bambo ake anali kothyola khofi, nkhumba nayo inali isananenepe. Ubatizo wopanda nkhumba ndi ubatizo ngati? Inuyo munadya mbale ziwiri, ina n'kukulunga."

"Imodzi ndi theka."

"Ziwiri. Mwanayo chitupa wachitenga Lachiwiri lomwelo. Ine amene ndinamubala sanandionetse. Anathamangira kuno."

Anandisiyira magwafawo ngakhale sindinali woyenera kulandira kanthu.

Ndinatseka sitolo dzuwa likadalipo. Ndinaima nthawi yaitali pa kabati ija, kenaka ndinatulutsa ya mango n'kuikulunga m'pepala la buledi. Sindinkafuna kuti utsi umenewo ulowe m'chifuwa chake, ndipo ndinamuuza Mulungu zimenezo m'njira monse. Koma lamulo linali kumbali yake, ndipo amene anaipitsa mbiri ya mnzake ndinali ine.

Ndinamupeza kuseri kwa nyumba akwanula zovala. Anandiona, napitiriza kupinda shiti.

"Yuliet, ndinakulakwira. Ndinakutchula wabodza pamaso pa anthu. Undikhululukire."

Ndinamupatsa phukusilo. Analitsegula, nayang'ana, kenaka anaseka kuseka kwa munthu amene walira kale.

"Madrina, ichi ndichite nacho chiyani? Marleny akasuta amanunkha ngati sopo wa kuchimbudzi."

"Nanga unachifuniranji?"

"Mumafunsa chitupa aliyense. Apolisi omwe mumawafunsa. Ndinati ine ndikatenga changa, woyamba kundifunsa akhale inu. Mpunga sufunsidwa chitupa, ndiye ndikanagula chiyani?"

Ndinakhala pa ndowa yovundikira. Iye anandipatsa mapeto a shiti, tinapinda limodzi kufikira zala zathu zinakumana pakati.

"Mawa ubwere nthawi ya khofi," ndinatero. "Ndinakunyozera pa anthu, ndikapepesera pa anthu omwewo."

"Muuzenso mayi wa buledi abwere."

"Amabwera yekha. Loweruka sajomba."

M'mawa mwake anafika atavalanso bulauzi ija. Don Hermes anali pabenchi, mayi wa buledi ali pa shelefu. Ndinanena zimene ndinayenera kunena, mwachidule, pakuti sindine wa mawu ambiri. Kenaka ndinavala magalasi n'kutambasula dzanja.

"Chitupa, mayi."

Anachiika m'dzanja langa ndi manja awiri. Ndinachiwerenga pang'onopang'ono, dzina lonse, malo obadwira, nambala yonse yaitaliyo.

"Chithunzichi anakujambula ukuthawa galu?"

"Anandiletsa kumwetulira, madrina."

"Mumugulitse msanga," anatero Don Hermes. "Angakalambe ali pomwepo."

"Sindikugula," anatero Yuliet. "Ndipatseni arepa yotentha, mkate wanu uja wa chimanga. Ya chizi yambiri, osati zimene mumapatsa Don Hermes."

Ndisanabweze chitupacho ndinayang'ananso tsiku lobadwa. Linali la m'mwezi wa Malichi. Zaka zonsezi ndakhala ndikumuphikira keke mu Novembala, pa tsiku la ubatizo wake, ndipo chaka chilichonse ankabwera, n'kuzimitsa makandulo operewera awiri, n'kuthokoza.

"Bwanji sunandiuzepo?"

"Amayi amandiphikira ya Malichi. Ndikanakuuzani, ndikanalandira keke imodzi yokha," anatero, akupemerera arepa yake.