Kalata ya Pansi pa Mphero

"Zaka makumi atatu ndikulemba," anatero alamu anga, "palibe kalata inagonapo m'nyumba mwanga. Ine ndikalemba, imapita."

Ankauza wometa, koma mawuwo ankawaponyera benchi yonse. Ine ndinali kumapeto kudikira lumo, ndipo ndinangoyang'ana nsapato zanga. Ndimagulitsa miyala yopsinjira makalata, ndipo munthu wa ntchito yanga amadziwa zambiri kuposa zimene amafunsidwa.

M'tauni mwathu makalata enieni amalembedwa pa pepala lamiyendo. Miyendoyo sioneka. Pepalali limachokera ku makungwa a mtengo wina wosakhazikika, umene chaka chilichonse umasuntha phazi limodzi kutsata madzi, ndipo khalidwelo silichoka ngakhale muusinje. Mukangolembapo dzina la munthu, pepala limayamba kukwawa ngati mbozi, kudutsa pansi pa chitseko, kulambalala ngalande, mpaka kwa mwini dzina. Silipuma mpaka mawu ake atamulowa m'maso kapena m'khutu. Alembi amalipsinja ndi kamwala kuti inki iyambe yauma, basi. Koma mukalichedwetsa, mphamvu zake zimakula.

Alamu anagula kwa ine kamwala kokwana m'dzanja zaka khumi ndi ziwiri zapitazo. Chaka chotsatira anafuna wonga njerwa. Kenako wofunika anthu awiri kuunyamula. Chaka chatha ndinawapititsira mphero pa wilibala, akuti yokongoletsera chipinda.

Nkhani yake anandinong'oneza ndi achemwali anga, akazi awo. Woweruza anawatuma alamu kulemba kalata yoitanira munthu ku mlandu wakuba. Iwo analemba dzina la mng'ono wa munthuyo m'malo mwa la mkulu wakeyo, ndipo kalata inakwawira kwa wosalakwa pamaso pa apongozi ake. Atafunsidwa, alamu anati pepala ndi limene linasokera, mayi wolipanga anasakaniza makungwa. Alembi onse anasiya kugula kwa mayiyo. Tsopano amapanga mapepala okulungira sopo kuseri kwa msika.

Chikumbumtima chinawagwira alamu masana amodzi okha, ndipo analemba kalata yopepesa mayiyo. Akanalemba pa pepala wamba, bwenzi ataing'amba dzuwa lisanapendeke. Koma mlembi wa msinkhu wawo sakhudza pepala wamba, ngakhale poyeserera cholembera. Ndipo lamiyendo likalandira dzina, siling'ambika, silipsa. Anangoipsinja kalatayo ndi kamwala kaja.

Sabata imene alamu ankadzitama kwa wometa ija, alembi ankafuna mkulu watsopano, ndipo alamu anali atayesa kale mkanjo wake pagalasi m'maganizo. Chinatsala n'chakuti akuluakulu atatu ayendere chipinda chawo cholembera. M'mawa wa tsikulo anafika pa miyala yanga asanapese.

"Alamu, muli nawo wina wokulirapo?"

"Woposa mphero? Limenelo ndi phiri, alamu. Mapiri sindigulitsa."

"Ikuyenda."

"Mphero?"

"Dzulo inali pakona. Lero yafika pakati pa chipinda."

"Pakatipo ndiye ikongoletsa bwino."

Sanaseke. Anandikoka mkono mpaka kwawo. M'nyumba monse munali kunjenjemera pang'onopang'ono, makapu akulankhulana pa shelefu, inki ikuchita timafunde m'botolo. Achemwali anali pakhomo ndi tsache, akusesa posesa kale.

"Ndinawauza, achimwene," anatero. "Ndinati itulutseni ipite, munthu sakwatira mkazi ndi mwala womwe. Akuti ine za ulembi sindizidziwa."

Tinakankhira mphero pakona, inabwerera. Tinaikapo matumba awiri a mchenga, inayenda nawo. Alamu anatuluka, analowa, anasuzumira mumsewu, anasintha malaya kawiri. Atamva kugogoda, anayala nsalu ya patebulo pa mpheroyo n'kukhalapo, miyendo yopingasa, nkhope ya munthu wozolowera kukhala pa miyala.

Akuluakulu analowa, wamtali, wadazi ndi wa ndodo. Wamtali ananyamula mkanjo pamkono. Ananunkhiza inki, anayesa nsonga za zolembera pa chala, anafunsa mafunso. Alamu ankayankha mwaulemu, uku akusendera kuchitseko pang'onopang'ono osasuntha mwendo.

"Bambo," anatero wa ndodo, "mwandiyandikira kapena ndi maso angawa?"

"Ndi chipindachi, akuluakulu. Chinapendekeka pomanga."

"Ndinali pomwepo pomanga," ndinatero.

Wadazi anatsokomola. Anati zonse zili bwino, kwatsala kuti mlembi aimirire ayesedwe mkanjo m'mapewa. Alamu anati akhoza kuyesedwa chikhalire. Wamtali anati chiyambire sanavekepo munthu wokhala pansi, kupatula mmodzi amene anali atamwalira.

Alamu anaimirira. Mphero inatukuka mbali imodzi ngati chivindikiro cha mphika wowira, ndipo kalata inatuluka. Zaka khumi ndi ziwiri za kudikira sizikwawa ngati mbozi. Inadutsa pakati pa miyendo ya wa ndodo ngati buluzi, n'kulowa mumsewu.

Alamu anaithamangira. Anaiponda pa ngodya ya wosoka nsapato, inawagwetsa chagada n'kupitirira. Akuluakulu anatsatira chifukwa udindo unawakakamiza, wometa anatsatira ndi lumo m'manja, ndipo pofika pamsika tinali khamu, ambiri osadziwa chimene tikuthamangira.

Mayi wa mapepala tinamupeza akutakasa phala la makungwa mumgolo. Kalata inakwera siketi yake n'kufika m'manja, ikuphupha ngati nkhuku yogwidwa miyendo. Anaisisita ndi chala chachikulu, anainunkhiza.

"Ili ndi langa ili," anatero. "Ndinalipanga ine. Lachedwa, koma silinasokere." Anatembenukira kumene kunkamveka wefuwefu. "Maso anga anatha ndi utsi. Wolemba alipo?"

Anthu anapatuka okha, alamu n'kutsala pakati, fumbi kumsana. Analandira kalata ndi manja awiri, chifukwa dzanja limodzi silikanaigwira. Anawerenga cham'mphuno, mawu akuthera m'kolala. Pepala linapitiriza kuphupha.

"Khutu ili nalonso linatha, bambo. Bwerani mbali iyi, mukweze."

Anazungulira mgolo. Anawerenga kuti dzina analakwitsa ndi iwo, kuti pepala linapita kumene linatumidwa, kuti ananama pamaso pa woweruza ndi alembi anzawo, kuti akupepesa. Inali kalata yolembedwa bwino, zimenezo tisawamane. Pa mawu omaliza pepala linagona phee m'manja mwawo, ngati lokulungira sopo.

"Ndamva," anatero mayiyo. "Enanu mwamva?"

Khamu linavomera. Wamtali anapinda mkanjo kanayi n'kuupana m'khwapa. Wadazi anavula chipewa, anafunsa mayiyo ngati angayambenso kuwapangira alembi mapepala.

"Ndiganize kaye," anatero, n'kupitiriza kutakasa.