Nkhope ya Panchu

"Panchu, mwanawe, nkhope yobadwa nayo uziionetsako kwa anthu!" ankamuchenjeza mayi ake. "Utoto umenewu udzakumeza!" Koma ana amamva ngati?

Panchu anali bahurupi, munthu wovala nkhope zambirimbiri nkumasangalatsa anthu m'misika. Mtima wake unali pa Tuktuki, mwana wa Haradhan wogulitsa maswiti. Tsiku lina anafika pasitolopo ali nyani wa mchira wautali, ana kukuwa, agalu kuuwa! Mawa lake anali mulungu Shiva, njoka m'khosi, amayi kulimbirana kumugwira mapazi. Kenako anali nkhalamba yogulitsa chambiko, yokalipira aliyense. Haradhan anaseka mpaka misozi.

"Iwe nyani iwe, Loweruka ubwere ndi akwanu, tidzakambe za mwana wangayu!"

Loweruka Panchu anasamba mokhula, anavala dhoti yoyera, nsalu ya amuna yomanga m'chiuno, nkufika ndi amalume ake.

"Maswiti ati, achimwene?" anafunsa Haradhan.

"Bambo, ndine Panchu!"

"Panchu uti? Wathu uja ndi chimunthu cha mawu ngati bingu. Iwe kowonda ngati udzudzu!"

Tuktuki anasuzumira pakhomo nkupukusa mutu. "Si ameneyu, bambo."

Mayo ine, liwiro lake! Panchu anakadzipaka utoto, anamanga mchira, nkubwerera ali wefuwefu.

"Eya, nyaniyu tikumudziwa," anatero Haradhan. "Koma ukasamba, mwana wanga azikhala ndi kamlendo kaja? Toto!"

Tuktuki anakwatiwa ndi wokonza njinga wa kutsidya kwa msewu.